Kamzere Kamene Ndinkafufuta

Amalume anabwera kwathu ku Kawale ndi sutikesi imodzi, katoni ya mabuku ndi chifuwa. Inali nyengo ija anthu ankakangana za nyali ndi tambala m'maminibasi, koma pakhomo pathu nkhani inali ya chifuwacho. Anali mlongo wawo wa amayi, wamng'ono kwa iwo, ndipo m'banja lonse la kwathu ku Ntcheu ndi iwo okha amene anapita patali ndi sukulu. Ankaphunzitsa masamu kusekondale ina yakumudzi mpaka pamene kuima kutsogolo kwa kalasi kunayamba kuwakanika. Bambo anga ankayendetsa lole, pakhomo ankangooneka ngati mlendo, choncho wodwalayo analandiridwa ndi amayi. Ine anandisamutsa m'chipinda changa kuti ndizigona pabalaza, ndipo ndinanyinyirika mpaka amayi atandiponyera diso lija losafuna kubwereza.

Masiku oyamba amalume ankangogona chagada kuyang'ana malata. Anthu akumpingo ankabwera kudzawazonda, n'kumafunsa amayi motsitsa mawu kuti, "Odwala agona bwanji?" ngati mwini wakeyo alibe makutu. Mawu akuti odwala ankawanyansa kuposa mankhwala. Alendo akangotuluka ankatembenukira kukhoma, phala n'kuzizira pambali pawo.

Tsiku lina anaona chitseko chakutha chimene bambo anachitaya kuseri kwa nyumba. Anandituma kuti ndikatole mabatire akutha a wailesi, tinawaphwanya, makala a m'katimo tinawasungunula ndi madzi n'kupaka chitsekocho mpaka chinada bii. Anachitsamiritsa pakhonde n'kunena kuti, "Bolodi ndi imeneyi. Mwana wasukulu woyamba ndiwe."

Ndinali mu Folomu 1. Pa mzere wonse wa nyumba zathu mtsikana amene anasankhidwa kupita kusekondale chaka chimenecho ndinali ine ndekha, ndipo sindinkalola kuti munthu aiwale zimenezo. Ndinkaponya Chizungu paliponse, kumsika, kutchalitchi, ngakhale pouza nkhuku kuti zichoke. Pakamwa panga panalibe chitseko.

Sipanapite nthawi, ana a anthu oyandikana nafe anayamba kusuzumira pampanda. Makolo awo atamva kuti pali mphunzitsi wa sekondale amene akungokhala, anayamba kuwatumiza masana akaweruka kusukulu. Mipando kunalibe, aliyense ankakhala pa njerwa yake. Makolo ankathokoza ndi zimene anali nazo, wina kasopo, wina tomato, wina shuga wa m'kapepala. Koma phindu lenileni silinali limenelo. Anthu odutsa pamsewu anasiya kufunsa za odwala, anayamba kuima pampanda n'kunena kuti, "Mwaswera bwanji, aphunzitsi?" Amalume anayambanso kumeta ndevu. Ankanditumanso kusita malaya awo, kolala yokhala ngati akupita ku ofesi, pomwe ulendo wake unali wochoka kuchipinda kufika pakhonde. Amayi ankati khonde limenelo likugwira ntchito kuposa mapiritsi onse a pawindo, ndipo ankalisesa okha m'mawa uliwonse.

Teremu imeneyo tinkaphunzira samu zija zofuna kupeza x. Amalume anali ndi njira zawo. Timizere tiwiri tija togona pakati pa samu ankatitcha mlatho.

"Nambala ikawoloka mlatho imasintha khalidwe," ankatero. "Simunaone munthu wa kuno ku Kawale akawoloka mtsinje wa Lilongwe kupita kumayadi? Wamwano amasanduka waulemu, chipewa m'manja. Pulasi akawoloka amasanduka mainasi, mainasi amasanduka pulasi."

Za mlathozo sizinkandivuta. Akalemba x + 9 = 4, ine ndinkawolotsa 9 uja mwachangu, n'kulemba x = 4 − 9. Vuto linkayambira pamenepo. Zaka zonse za kupulayimale tinkaimba ngati nyimbo kuti, "4 kuchotsa 9, sizitheka!" Amene ankayesa kuchotsa ankalandira chikoti. Lero munthu angodzuka n'kundiuza kuti zimatheka, ndipo yankho lake ndi nambala yochepera ziro? Mutu wanga unakana.

Amalume anatenga ndodo n'kulemba mzere wautali pabwalo. Ziro anamuika pa sitepe ya khonde. Kumanja kwake manambala ankapita chakumtengo wa mango, ndipo amenewo anati ndi a pozitivi. Kumanzere manambala ankapita chakuchimbudzi, aliyense ali ndi kamzere ka mainasi kutsogolo, ndipo amenewo anati ndi a negativi. Bwalo lathu linali lotero basi, sanachite kusankha. Ankaimika mwana pa 4 n'kumuuza kuti abwerere mapazi 9. Mwanayo ankadutsa sitepe, n'kukathera pa −5, pafupi ndi khomo la chimbudzi, ife tonse titagwira mphuno tikufa ndi phwete. Kuyambira pamenepo yankho lililonse la negativi tinkati lagwera kuchimbudzi. Kusukulu nakonso mphunzitsi akakupeza ukulongolola ankakuwa kuti mainasi 5 pa malikisi ako. Ndiye kwa ine nkhani inali yosavuta: pozitivi ndi kumango, negativi ndi kuchimbudzi.

Choncho ndikamaliza samu n'kupeza −5, ndinkaliyang'ana yankholo ngati mwana wobadwa ndi chala chachisanu ndi chimodzi. Kenako ndinkatenga labala n'kufufuta kamzereko, kutsala 5 woyera bwino. Labala ikasowa ndinkanyowetsa chala ndi malovu. Makope anga anali ndi timabowo tambiri, paliponse pamene panayenera kukhala mainasi.

"Iwe wa labala," amalume ankatero, "kamzere kaja wakataya kuti?"

"Amalume, inunso. Ziro ndiye kuti palibe kanthu. Ndiye kupitirira palibe kanthu kungakhalenso chiyani? Limenelo ndi bodza la azungu."

Ankaseka mpaka chifuwa chiwagwire, tonse n'kudikira kuti chithe. "Chabwino. Tenga 5 wakoyo umuike pamene pali x. 5 kuphatikiza 9 akukupatsa 4?"

"Ayi."

"Ndiye wabodza ndani, azungu kapena iwe?"

Ndinkabwezera kamzereko monyinyirika, koma mawa lake ndinkafufutanso. Amalume ankapukusa mutu n'kuuza anzangawo kuti ndadziwa kale anamanga nyumba yopanda khomo. Ine ndinkangoti aziyankhula, wa sekondale pano ndine.

Chifuwa chija sichinkatha, ndipo lamba wa thalauza ankangoboolabe mabowo atsopano. Adokotala anawatenga magazi n'kuwauza kuti adzabwerenso kudzamva zotsatira. Tsiku lake linagwa pa holide, ine ndili pakhomo. Anapita ndi amayi m'mawa, amalume atavala malaya ositasita aja, n'kubwerako dzuwa lili paliwombo. Ine ndinali kuseri ndikutsuka mbale pansi pa windo la chipinda chawo, ndipo makutu anga sankadziwa kupuma.

Ndinamva amayi akuti, "Achimwene, pamsewu ponse simunandiuze kanthu. M'kati muja akuti chiyani?"

"Akuti pozitivi, achemwali."

"Pozitivi?"

"Eya."

Kenako amalume anaseka pang'ono n'kunena kuti, "Basi, tadziwa. Kuli bwino tadziwa."

Pozitivi, kumanja kwa ziro, kumango! Ndipo mwini wake wanena yekha kuti kuli bwino. Za Edzi tinkazimva pawailesi, ndipo m'makwalala anthu ankaitchula mozembazemba, ena matenda a boma, ena kaliwondewonde. Ndinkadziwa kuti kuli kachilombo. Chimene sindinkadziwa n'chakuti kuchipatala mawu awiri aja amagona mozondoka, kuti kumeneko munthu amapempherera negativi. Akuluakuluwo analankhula liwu la Chizungu poganiza kuti likhala lobisika, osadziwa kuti pansi pa windo pali katswiri.

Amayi anatuluka osandiyang'ana n'kunena kuti, "Siya mbalezo, katunge madzi." Mumgolo munali madzi odzaza, koma sindinafunse. Lero ndimadziwa kuti ankangofuna ndichoke kuti alire momasuka. Ndinatenga ndowa ndi nkhata n'kuthamanga ngati ndatumidwa kukalengeza ukwati.

Pampope panali mzere wautali wa ndowa ndi zigubu monga mwa masiku onse, azimayi atakhala m'mbali akudikira madzi otuluka ngati misozi. Panalinso mayi wina wa nyumba yachitatu kuchokera kwathu, amene ana ake awiri ankaphunzira pakhonde pathu. Mayiyo ankagwira ntchito yokolopa pa kachipatala kena kolipira m'tauni, ndipo pa nkhani za matenda anthu ankamumvera ngati dokotala.

"Iwe mtsikana," anandiitana, "tawaona aphunzitsi akutsika minibasi ndi mayi ako. Kuchipatalako ayendako bwanji?"

"Ayendako bwino kwambiri, amayi. Achira basi. Magazi awo awapeza pozitivi."

Mayiyo anasiya kumanga chitenje. "Ukuti awapeza chiyani?"

"Pozitivi," ndinabwereza mokweza, kuti ndi akumapeto kwa mzere omwe amve mmene liwulo limatchulidwira. Poona kuti andiyang'ana modabwa, ndinaganiza kuti vuto ndi sukulu yawo yochepa. Ndinatula ndowa, ndinatola kamtengo, n'kulemba mzere pamatope a pampopepo. "Onani. Apa ndi ziro. Uku ndi negativi, koipa. Uku ndi pozitivi, kwabwino. Amalume ali uku."

Mpaka lero ndikakumbukira kamtengo kameneko thupi limachita tsembwe. Ndinaima pakati pa azimayi a misinkhu ya amayi anga, chifuwa chili patsogolo, ndikuwaphunzitsa masamu ndi chinsinsi cha m'nyumba mwathu.

Palibe anaseka. Mayi wokolopa uja ananong'oneza amene anali naye pafupi, ameneyo anagwira pakamwa n'kunong'oneza wina, ndipo ndinaona nkhaniyo ikuyenda pamzerepo kuchoka pa ndowa kupita pa ndowa. Wina amene chigubu chake chinagundana ndi ndowa yanga anachikoka pang'ono ndi phazi. Gogo wina yekha ndi amene anandiyang'ana ndi chisoni, nati, "Mwanawe, tunga madzi uzipita kwanu." Anandilola kudumpha mzere wonse. Ine ndinayesa ulemu umenewo ndi wa uthenga wabwino umene ndabweretsa.

Mawa lake masana amalume anatulutsa choko, anayala njerwa m'malo mwake, n'kukhala pampando wawo. Panabwera ana atatu okha. Amalume anati mwina ndi holideyi, ana amapita kumidzi. Tsiku lotsatira panabwera mmodzi, amenenso asanamalize samu yoyamba mchemwali wake anadzamuitana pampanda, osalowa n'komwe. Ine ndinakwiya nawo ana amenewo. Ndinapita kunyumba yachitatu ija kukafunsa mnyamata wa mayi wokolopa kuti ulesi umenewu wayamba liti.

Anandiyankhira ali kuseri kwa mpanda wawo. "Amayi atiletsa. Akuti tisamagwire choko cha amalume ako, ali ndi kachilombo."

"Wabodza iwe! Ndani wanena zimenezo?"

"Iweyo. Pampope paja. Pozitivi ndiye kuti ali nako, sudziwa? Ndiye kusekondaleko mumaphunzira chani?"

Sindikumbuka mmene ndinayendera pobwerera. Ndikungokumbuka kuti ndinkaona ngati nyumba zonse za mumzerewo zili ndi maso. Ndinawapeza amayi kuseri akukoleza mbaula. Ndinaima patsogolo pawo, pakamwa paja popanda chitseko patauma gwa. Anandiyang'ana kamodzi n'kudziwa kuti ndamva, ndipo ine ndinadziwa kuti iwo anamva kale, mwina dzulo lake kumsika.

Ndinkayembekeza mthiko pamsana, ndipo ndikanaulandira ndi manja awiri. Koma amayi anangokhala pansi, padothi penipeni, ndi chitenje chawo chabwino. "Anakutuma ndani?" anafunsa motsitsa. "Ine ndinakutuma madzi."

"Ndinkayesa ndi zabwino, amayi."

"Kandimverere anakanena za m'maluwa. Chizungu chakocho chatithandiza, zikomo." Anapukuta maso ndi nsonga ya chitenje. "Munthu uja chimene chinkamudzutsa m'mawa ndi ana aja. Tsopano azidzukira chiyani?"

Ndinati ndipita nyumba ndi nyumba kukanena kuti ndinamva molakwa, kuti anati negativi. Amayi anati ndisayerekeze, madzi akatayika saoleka, ndipo bodza lingangowonjezera nkhuni pamoto. Anandiuza kuti kuyambira tsiku limenelo ndizikatunga kumpope wakutali, wa kufupi ndi msika. Kumeneko ndinkapita mutu uli pansi, ndipo Chizungu chinandithera.

Khonde ndinayamba kulizemba. Ndinkatulukira khomo lakuseri, kuzungulira kuchimbudzi, kudutsa pa manambala a negativi aja amene mvula inali itawafufuta kale. Chakudya cha amalume ndinkapempha amayi kuti akapereke okha. Manyazi anga anali oti sindinkatha ngakhale kumva chifuwa chawo osafuna kulowa pansi. Koma pampata wa chitseko ndinkawaona. Masana alionse ankatulukabe atavala malaya a kolala, amene tsopano ankasita okha mopindikapindika. Ankayala njerwa zonse, kulemba samu pabolodi, n'kukhala kuyang'ana kumsewu. Anthu odutsa ankafulumiza mapazi, ena n'kuyamba kuyang'anitsitsa mbali inayo ngati kwagwa ndege. Liwu loti aphunzitsi silinamvekenso pampanda pathu.

Tsiku lina ndikuzemba choncho ndi ndowa yanga, ndinamva, "Iwe wa labala."

Ndinaima.

"Sukulu sinatsekere kuno. Tabwera."

Ndinapita ngati mbuzi yokokedwa pachingwe, n'kukhala pa njerwa yanga yakale, pakati pa njerwa zopanda anthu. Sindinathe kuwayang'ana kumaso, ndinkangoona mawondo awo atasongoka m'thalauza. Pabolodi panali 2x + 10 = 4. Ananditambasulira choko. Ndinachilandira msangamsanga, ndi manja awiri, kuti asaganize kuti nanenso ndikuchiopa.

"Amalume," ndinayamba, "pampope paja ine ndinkayesa kuti..."

"Ndikudziwa chimene unkayesa. Anakuphunzitsa kuti kumanja kuli mango ndani? Si ine?" Anatsokomola kwa kanthawi. "Konza samuyo."

Akanandikalipira bwenzi zitandipepukira. Kundichotsera mlandu kumeneko ndiye kunandimaliza, misozi inayamba kugwera pamalaya. Ndinaimirira n'kupita pabolodi. Ndinawolotsa 10 pamlatho, anasanduka mainasi. 4 kuchotsa 10, ndinalemba −6. Ndinagawa ndi 2 mbali zonse, n'kulemba x = −3. Kenako, mwachizolowezi chabe, chala changa chinapita kukamwa n'kubwerera chonyowa, chikulunjika pa kamzere kaja.

"Kasiye," anatero amalume.

Chala chinaima m'malere.

"Kasiye kamzereko, kali bwino pomwepo. Ine ndinasita malaya, ndinakwera minibasi, ndinawoloka mlatho kukafuna kamzere komweko. Sanandipatse." Anamwetulira, mano okha ndi amene anali asanawonde. "Iwe wakapeza kaulere, ukufuna kukafufuta?"

Ndinatsitsa dzanja. Anandiuza kuti ndibwezere −3 pamene pali x, ndinabwezera ndikusisima, samuyo inatuluka 4 ndendende. Anagwedeza mutu monga ankachitira mwana aliyense akakhoza. Kenako anayang'ana kumsewu kanthawi ndithu, n'kuyang'ana pabwalo.

"Njerwazi kaziunjike kuseri, mayi ako aziikapo mapoto," anatero. "Usiyepo imodzi."

Ndinazinyamula ziwiriziwiri, ndikulira mosabisa. Pamene ndinkabwerera kudzatenga zomaliza, ndinawapeza akupukuta bolodi ndi kansanza pang'onopang'ono, akuzungulira yankho langa kuti lisafufutike.